Sukulu yathu ya nzeru za kuwala kuno ku Chigwa

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Abale anga a pagulu pano, lero ndabwera ndi nkhani yosakhudza mtengo wa thonje kapena mpira, mundipirire. Dzulo ndimaphunzitsa ana a Fomu 2 za kuwala. Ndinatenga beseni la madzi, n'kumiza kagalasi chopendeketsa, n'kuliika pomwe dzuwa limalowera pawindo. Pakhoma panatuluka mitundu ya utawaleza. Ndinawauza kuti Isaac Newton anachita zonga zomwezi ndi galasi la ngodya zitatu cha m'ma 1666, n'kuonetsa kuti kuwala koyera kwa dzuwa ndi mitundu yambiri yophatikizana. Mtsikana wina anakweza mkono nati, "Aphunzitsi, ndiye kuti choyera n'chimene chasenza zambiri, osati chopanda kanthu?" Funsoli ndagona nalo.

Anthu a kwina anamanga nzeru zawo pa kuwala. Plato wa ku Greece anayerekeza anthu osadziwa ndi akaidi omangidwa m'phanga, oona zithunzithunzi zokha pakhoma, ndipo choonadi anachiyerekeza ndi dzuwa la kunja. Suhrawardi wa ku Persia, yemwe anaphedwa ku Aleppo mu 1191, ankaphunzitsa kuti zonse zimene zilipo zimasiyana pa kuchuluka kwa kuwala kumene zili nako. Kwa onsewa, ukamayandikira dzuwa ndiye kuti ukuyandikira nzeru.

Nanga ife amene mu Okutobala dzuwa limatiwamba mpaka kupitirira madigiri 40? Tiyeni tipeke sukulu yathu ya nzeru, ya pagulu pompano, yomangidwa pa kuwala ndi mitundu monga timaziwonera kuno. Ine ndiika njerwa yoyamba: munthu saona bwino ataima padzuwa. Amaona bwino atakhala pamthunzi n'kumayang'ana padzuwa.

Msodzi wa ku Chiromo:
Aphunzitsi, njerwa yanuyo ndaigwira, ndi yowotcha bwino. Ife a m'madzi timadziwa kuti masana dzuwa lili paliwombo, mtsinje umangoti waliwali ngati malata atsopano, suona chimene chili pansi. Mvuu imatha kukhala pafupi ndi bwato iwe osadziwa. Koma usiku ukaunika ndi tochi, maso a ng'ona amaoneka ofiira patali, n'kudziwa poti upewe. Kuwala kochepa kumandiuza zambiri kuposa kuwala kochuluka.

Chachiwiri, madzi timawawerenga ndi mtundu. Kuno n'kumene Ruo amathira mu Shire. Nthawi zina kumwamba kuli ngwee, mvula sinagwe ngakhale dontho, koma ukaona Ruo wabwera wofiira, watenga zinyalala ndi nthambi, umadziwa kuti ku Mulanje ndi ku Thyolo yavumba. Bwato umalikokera kumtunda tsiku lomwelo. Bambo anga ankatiuza kuti mtundu wa madzi ndi uthenga wochokera kumene sunafikeko. Imeneyo muilembe m'sukulu mwanumo.

Telala wa pa Dyeratu:
Ine ndivomereze mbali imodzi, ndikane mbali ina. Mayi aliyense wogula chitenje savomera kuchiona m'kati mwa shopu mokha. Amachitulutsa pakhomo, n'kuchitambasula padzuwa, chifukwa babu amanamiza. Chooneka chakuda m'kati chimakhala chabuluu kunja. Ndiye dzuwa lili ndi ntchito yake, musalichotse. Koma taonani pamene amaima mayiyo: pakhonde. Chitenje padzuwa, maso pamthunzi. Ndiye mwina aphunzitsi akunena zoona.

Wophunzira ku Zomba, kwathu ku Nsanje:
Nkhani iyi yandidzutsa. Ndionjezere za chiyankhulo. Mukayang'anitsitsa, m'Chichewa mitundu ya mizu yakuya ndi itatu: kuyera, kuda, kufiira. Iliyonse ili ndi mawu ake okometsera: mbee, bii, psuu. Kubiriwira kulinso ndi biriwiri wake. Koma chikasu tinabwereka ku chomera chija amathira m'ndiwo, ndipo buluu timachita kubwereka kapena kunena kuti ngati mtambo. Mu 1969 akatswiri awiri, Brent Berlin ndi Paul Kay, anafananiza ziyankhulo zambiri n'kupeza kuti chiyankhulo chikakhala ndi mayina atatu okha a mitundu, amakhala omwewa: choyera, chakuda, chofiira. Katswiri wa za chikhalidwe cha anthu, Victor Turner, naye anapeza utatu womwewu m'miyambo ya Andembu a ku Zambia.

Chimene chimandivutitsa mtima ndi katundu amene tinawasenzetsa mawuwa. Kuyera ndi ukhondo, ndi chiyero, ndi mtima wabwino. Kuda ndi litsiro, ndi kudana, ndi kuda nkhawa. Mwana amakula akumva kuti zovala zada, mtima wada, kunja kwada, kenako akadziyang'ana pagalasi n'kumva kuti iyenso ndi wakuda. Sukulu yathuyi ikapanda kukhudza pamenepa ndiye yangobwereza za Plato m'Chichewa.

Telala wa pa Dyeratu:
Achimwene, mwalasa. Atsikana amabwera kudzayezetsa madiresi nkhope zitayera, zala zili bii, masaya atapsa ndi mafuta oyeretsa khungu. Dzuwa la kuno likawapeza zilonda sizichedwa. Ndimawalangiza monga mayi wawo, koma mawu anga ndi ochepa poyerekeza ndi mawu amene akhala akumva chibadwire.

Gogo wa ku Tengani (akulemba ndi mdzukulu):
Agogo amva zonse ndawawerengera, ndipo akuti ndilembe motere.

Ana inu, kuda sikunali koipa kwa makolo a m'chigwa chino. Ku Khulubvi, kunkhalango ya Mbona kuno ku Nsanje, nsalu yolemekezeka ndi yakuda. Opita kukapempha mvula amavula nsapato, amavala zakuda, ndipo chofiira salowa nacho. Chifukwa chake n'chosabisika. Mtambo woyera ndi wouma, umangodutsa. Mtambo wonyamula madzi ndi wakuda. Munthu amene mapira ake akufota akaona kum'mawa kwada bii, mtima wake umayera. Dothi la kudimba lomwe limabereka mbatata ndi chimanga chachilimwe ndi lakuda. Dothi loyera ndi mchenga kapena chikungu, mbewu sizikondwa.

Akuti chaka cha chilala kumwamba kumayera mbee tsiku ndi tsiku, ndipo kuyera kumeneko n'kumene kumatitumiza kudambo kukazula nyika pakati pa ng'ona. Ndiye musanene kuti choyera chilichonse ndi mdalitso.

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Takhuta agogo. Mdzukulu, muwauze kuti njerwa yawo ndi yaikulu kuposa yanga. Ndipo sayansi ikugwirizana nawo: mtambo umaoneka wakuda pansi chifukwa wakhuthala ndi madzi mpaka kuwala kukulephera kuuboola. Kuda kwake ndi umboni wa kulemera kwake.

Mkulu wa mpingo ku Nchalo:
Ndawerenga mwachifatse, ndipo ndili ndi nkhawa. Mawu oyamba amene Mulungu analankhula m'Malemba ndi akuti "Kuyere." Yohane akuti kuwala kumawala mumdima ndipo mdima sunakugonjetse. Tsono pagulu pali achinyamata, ndipo tikayamba kutamanda mdima, tikuwatsogolera kuti? Akuba ng'ombe m'makola mwathu amabwera masana kodi? Ndikulemekeza agogo ndi mbiri ya chigwa chathu, koma ine sindingalowe sukulu yophunzitsa kuti mdima ndi nzeru.

Mayi wa ku Makhanga:
Inenso ndiime ndi abambo a ku Nchalo, ngakhale chifukwa changa n'china. Inu mukukamba mtambo wakuda ngati mlendo wabwino. Ine mtambo umenewo ndinauona mu Januwale 2015, ndinauonanso ndi anamondwe aja: Idai mu 2019, Ana mu 2022, ndi Freddy mu Malichi 2023. Usiku wa mu 2015 madzi analowa m'nyumba tili mtulo. Kunali mdima wa ndiweyani. Sindinkaona mwana amene ndamugwira dzanja, ndinkangomva kulira kwa mbuzi ndi mkokomo. Tinakwera pachulu, ndipo chimene chinatigwirizanitsa ndi anzathu a pachulu china chinali kuwala kwa kafoni kamodzi, mpaka batire linatha. Sindinayambe ndalakalaka dzuwa ngati usiku umenewo. Kutayamba kucha ndinalira, chifukwa ndinatha kuwerenga ana anga ndi maso.

Choncho musandiuze kuti mdima ndi wabwino. Mdima ndinaugonera pachulu.

Mlimi wa thonje ku Ngabu:
Pepani mayi. Akulu anati walira mvula walira matope.

Mayi wa ku Makhanga:
Mwambiwo ndimaudziwa bambo, koma matope ndi ena, kusesa mudzi wonse ndi kwina. Sitinalire zimenezo.

Mlimi wa thonje ku Ngabu:
Mwanena zoona, ndaubweza mwambiwo. Unali wosayenera pamenepa.

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Mayi a ku Makhanga ndi bambo a ku Nchalo, mwandithandiza kuona pamene ndinasokoneza. Ndinalola kuti mawu awiri alowane: mdima ndi mthunzi. Si chinthu chimodzi. Mdima ndi pamene kuwala kulibe. Mthunzi sungakhalepo popanda dzuwa. Usiku wopanda mwezi mtengo ulibe mthunzi. Munthu wa pamthunzi akuonabe ndi kuwala kwa dzuwa lomwelo, koma kwafika kwa iye kutagunda kaye pansi, pamasamba, pakhoma, n'kuchepa ukali. Ibn al-Haytham, katswiri wa za kuwala yemwe anagwira ntchito yake ku Cairo zaka pafupifupi 1,000 zapitazo, anaonetsa kuti timaona chifukwa kuwala kumachoka pa zinthu n'kulowa m'maso mwathu. Iye yemweyo anatchulanso kuti woyang'ana dzuwa mwachindunji maso amamupweteka. Kuwala kumene timaonera nkhope ya mnzathu ndi kobwerera, kogunda kaye penapake.

Tonse tikukumbuka namondwe Ana atawononga damu la magetsi la ku Kapichira, dziko n'kutaya mamegawati pafupifupi 130. Palibe anayamika mdima umenewo. Ana anga a sukulu ankawerengera koloboyi, m'mawa mphuno zili bii ndi mwaye. Ndiye sukulu yathu si ya mdima ayi. Ndi ya anthu amene amadziwa kuti kuwala kuli ndi muyeso.

Mkulu wa mpingo ku Nchalo:
Mwatero ndakhala pansi. Ndipo nditatseka foni ndinatsegula Buku, n'kupeza kuti inenso ndinawerenga mbali imodzi. Salimo 121 likutcha Yehova mthunzi wa kudzanja lamanja, n'kulonjeza kuti dzuwa silidzakupweteka usana. Salimo 91 likukamba za kukhala mumthunzi wa Wamphamvuyonse. Yona atakhala kunja kwa Nineve, chimene chinamusangalatsa ndi chomera chimene chinamuphimba mutu, ndipo chitafota, dzuwa linamuwomba mpaka anapempha imfa. Amene analemba zimenezi ankakhala m'dziko lotentha ngati lathu. Ankadziwa chimene munthu woyenda pansi kuchoka pa Nchalo kupita ku Ngabu masana amachidziwa. Ndakhala ndikulalikira kuwala zaka zambiri, za mthunzi sindinalalikirepo. Ndilowa sukulu yanu, koma pakhomo pake pasalembedwe mdima.

Mlimi wa thonje ku Ngabu:
Ndibwezere ulemu wanga ndi mtengo. Ngati sukuluyi ikufuna mphunzitsi wamkulu, ndi msangu. Mitengo yambiri imavala masamba dzinja n'kuvula chilimwe. Msangu umachita mosiyana: mvula ikayamba umayoyola masamba, dzuwa n'kufika pa mapira amene ali pansi pake, masamba aja n'kusanduka manyowa. Chilimwe, pamene mlambe waima mbulanda ndipo ng'ombe zikusowa pobisala, msangu ndi umene uli biriwiri, ndipo nyemba zake ziweto zimadya. Umadziwa nthawi yotchinga ndi nthawi yotsegula. M'munda mwanga muli itatu, ndipo pansi pake mbewu zimasiyana ndi za pambali, aliyense wodutsa amaona.

Ndikamaganiza za makolo abwino, ndimaona chomwecho. Pali nthawi yomutchingira mwana, pali nthawi yomuchokera kuti dzuwa limufike. Bambo anga anali mtengo wa nimu, mthunzi chaka chonse, ndipo ndinachedwa kuphunzira kuima ndekha. Ndimawakonda, koma ana anga ndikuyesa kuwalera mwa msangu.

Wophunzira ku Zomba, kwathu ku Nsanje:
Bambo, msanguwu ndiwo chithunzi chimene Plato analibe. Kwa iye nzeru zili mbali imodzi, kunja kwa phanga, padzuwa, basi. Msangu ukuti funso si lakuti kuwala kapena mthunzi, koma liti, ndiponso kwa yani.

Msodzi wa ku Chiromo:
Nanga chofiira mwachisiya kuti? Chakuda mwachiyeretsa mlandu, choyera mwachichepetsa. Chofiira?

Telala wa pa Dyeratu:
Chofiira ndi chimene sichilola kuti uchinyalanyaze. Magazi, moto, Ruo wanu uja, maso a ng'ona. Ndi mtundu wakuti dzuka. Munthu sungavale chofiira n'kubisala pamsika.

Gogo wa ku Tengani (akulemba ndi mdzukulu):
Agogo akuti n'chifukwa chake sichilowa kopempha mvula. Wopempha amafika wozizira mtima, chofiira n'chotentha. Akutinso dzuwa likamalowa lofiira psuu m'miyezi ya utsi, ukhoza kuliyang'ana kamphindi, pamene masana sungayerekeze. Akuti ngakhale mfumu yaukali imakhala ndi ola lake lofikirika.

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Mdzukulu, muwauze agogo kuti fanizo lawo ndalisunga, koma ana a pagulu pano asayese kuyang'anitsitsa dzuwa ngakhale madzulo, limawononga maso mosamva kuwawa. Kufiirako kumabwera chifukwa dzuwa likatsika, kuwala kwake kumadutsa mumpweya wautali, wodzaza fumbi ndi utsi wa moto wolusa. Mbali ya buluu imamwazikira m'njira, yofiira ndi imene imatipeza. Dzuwa silinasinthe, chasintha ndi njira imene uthenga wake wadzera. Nkhani za m'mudzi nazo n'chimodzimodzi: imene yadzera pakamwa pambiri imafika yofiira.

Mayi wa ku Bangula:
Ndakhala chete kuyambira m'mawa, ndimaopa kulemba. Koma nkhaniyi ndi ya m'nyumba mwanga. Mwana wanga wachiwiri ndi wa khungu lachialubino. Zimene inu mukuzitcha sukulu yopeka, ife ndi moyo wa tsiku lililonse.

Khungu lake lilibe chotchinga chimene khungu lakuda lili nacho. Akayenda padzuwa la kuno popanda chipewa ndi malaya a manja aatali, madzulo amakhala atapsa, milomo itang'ambika. Achipatala anatiuza mosabisa kuti zilonda zotere zikamabwerezabwereza zimatha kusanduka khansa ya pakhungu. Maso akenso salimbana ndi kuwala. Masana amayenda atatsinzina, koma kukayamba chisisira ndi pamene amamasuka, n'kuthamanga ndi anzake. Tsiku lathu timalipanga potsata mthunzi. Kumjigo amapita m'bandakucha. Njira ya kusukulu tinasankha yotalikirapo chifukwa ili ndi mitengo ya nimu. Mafuta odzola oteteza ku dzuwa akatha, mtima wanga sukhala m'malo.

Ndipo usiku, umene khungu lake limapuma, ndi umene ine sindigona, chifukwa cha zija mukuzidziwa zakhala zikuchitikira anthu achialubino m'dziko muno. Masana ndimaopa dzuwa, usiku ndimaopa anthu.

Achimwene a ku Zomba anati mawu akuti kuda tinawasenzetsa zoipa. N'zoona. Koma mwana wanga ndi woyera, ndipo kuyerako sikunamugulire ulemu. Amamutcha mayina panjira. Ndiye vuto si mtundu uti uli pamwamba. Vuto ndi kuyang'ana khungu n'kuganiza kuti wamuwerenga munthu. Bambo a ku Chiromo amawerenga madzi ndi mtundu ndipo amalondola. Munthu sawerengedwa choncho. Ngati sukulu yanu ili ndi malamulo, limeneli likhalemo.

Wophunzira ku Zomba, kwathu ku Nsanje:
Mayi, ndinaona theka, inu mwandionetsa lonse. Ndimafuna kungotembenuza makwerero kuti chakuda chikwere pamwamba. Mwandiletsa bwino.

Mkulu wa mpingo ku Nchalo:
Mayi, zikomo polimba mtima. Kumpingo kwathu kuli ana awiri otere, ndipo Sande sukulu timaichitira pabwalo, pamtetete. Sindinaganizepo. Sabata ino tisamukira pansi pa mtengo wa bwemba.

Mayi wa ku Makhanga:
Achemwali a ku Bangula, ine ndinaopa usiku umodzi, inu mumaopa usiku uliwonse. Ndikukuikani m'mapemphero. Ndili ndi chipewa chachikulu cha mlaza choluka amuna anga, chikhoza kumukwana. Ndikamadzabwera kumsika ndidzakuyimbirani.

Msodzi wa ku Chiromo:
Aphunzitsi, tibwerere kwa mtsikana uja ndi utawaleza wake. Ine ndili ndi funso lakale. Ndikakhala m'bwato ndimauona utawaleza utatsamira kutsidya. Ndikapalasa kuufuna, umasuntha. Mnzanga wa m'bwato lina amalozanso pena. Ndani akunama?

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Palibe akunama, bambo. Utawaleza suli pamalo ngati mtengo. Umaoneka dzuwa likakhala kumbuyo kwako, madontho a mvula ali kutsogolo. Kuwala kumalowa m'dontho, kumapindika, kumagunda kumbuyo kwa dontholo, n'kutuluka kutagawika mitundu, ndipo kumafika m'diso pa ngodya ya madigiri pafupifupi 42. Madontho amene akutumiza mitundu kwa inu si omwe akutumiza kwa mnzanu wa bwato linalo. Aliyense ali ndi uta wake, ngakhale dzuwa ndi limodzi ndipo mvula ndi imodzi. Makolo anautcha uta wa Leza, ndipo Leza yemweyo anaupanga kuti usaoneke kwa woyang'ana dzuwa. Umafunika kulifulatira, n'kuyang'ana kumene kwada.

Taonani mmene zakhalira lero. Mtambo womwewo, agogo anauona kuchokera m'munda wofota, mayi a ku Makhanga anauona kuchokera pachulu. Ndikanakhala ndekha ndikanalemba za agogo zokha, n'kuganiza kuti ndamaliza.

Telala wa pa Dyeratu:
Ndiye mtsikana uja mukamuyankha chiyani?

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Ndikamuuza kuti analondola: pa kuwala, choyera chasenza mitundu yonse. Ndikamuuzanso mbali ina, kuti nsalu yakuda imaoneka yakuda chifukwa yamwa mitundu yonse osabweza, n'chifukwa chake imatentha msanga padzuwa. Kenako ndikamufunsa iyeyo kuti pa ziwirizi chodzaza n'chiti, ndimve mmene akaganizire.

Mayi a ku Bangula, m'kalasi langa la Fomu 1 muli mnyamata ngati wanuyo. Ndinamuika kutsogolo kuti aziona bolodi, koma mpando wake uli pafupi ndi windo la kum'mawa, ndipo ndimamuona akutchinga nkhope ndi kope mpaka 10 koloko. Ndimayesa ndi manyazi. Kodi ndimusunthire kukhoma, kapena nditchinge windolo?

Mayi wa ku Bangula:
Mumusunthire kukhoma, koma akhalebe kutsogolo, kuwala kuzimudzera kumbuyo kapena m'mbali. Pabolodi muzilemba zilembo zikuluzikulu, ndipo mukamufunsa ngati akuona, muzimufunsira pambali, osati pamaso pa anzake. Akavala chipewa m'kalasi musamuvule.

Mphunzitsi wa ku Ngabu:
Ndamva mayi. Lolemba m'mawa ndikayamba ndi mpandowo.